Kuveka mafupa a Malawisaurus mnofu ndi khungu: mmene mungajambulire nyama imene palibe anaionapo

Mukalowa mu myuziyamu ya ku Karonga, ija inatsegulidwa mu 2004, chokuchingamirani ndi chimndandanda cha mafupa chotalika pafupifupi mamita 12, khosi uko mchira uko. Ameneyo ndi Malawisaurus, mmodzi wa ma dinosaur, nyama zimene zinatha kalekale anthu asanakhaleko. Mwana aliyense akaima pambali pake, funso limakhala limodzi: nanga chili chamoyo chinkaoneka bwanji? Wofukula mafupa sangaliyankhe yekha funso limeneli. Amene amaliyankha pamaso pa anthu ndi wojambula, ndipo chimene wajambulacho chimakhazikika m'mitu ya anthu zaka ndi zaka, kaya ndi choona kaya ndi chabodza.

Ntchitoyi kunja amaitcha paleoart. Ndifotokoza mmene ndimaigwirira ine, ndipo chitsanzo chikhala nyama yathu yomweyi, ngakhale njira yake ndi imodzimodzi pa nyama iliyonse imene inatha kalekale.

Zipangizo si zodula. Pezani pepala la timabokosi lija la masamu, la A3 ngati lilipo, mapepala opyapyala oonekera mkati, rula, labala, waya wofewa ndi dongo lowumbira zidole. Koposa zonse, mukhale ndi mapensulo a mitundu itatu: yakuda, yabuluu ndi yofiira. Yakuda muzijambulira chokhacho chimene fupa lake linapezekadi. Yabuluu ndi ya zimene mwabwereka kwa achibale a nyamayo. Yofiira ndi ya zimene mwangoganiza. Chithunzi chomaliza sichidzaonetsa mitundu itatuyi, koma inu muyenera kudziwa mzere uliwonse kumene mwautenga.

Choyamba: werengani, pensulo ikhale kaye patebulo

Ambiri amayamba ndi kulemba dzina la nyamayo pa Google n'kutengera chithunzi chimene chawasangalatsa. Pamenepo mwakopera zolakwa za munthu wina, amene nayenso mwina anakopera kwa wina. Inu pitani kumene kuli mafupa.

Mbiri ya Malawisaurus ndi yaifupi. Mafupa oyamba anapezeka m'boma la Karonga m'zaka za m'ma 1920, nthawi ya Frank Dixey, katswiri wa miyala wa boma la Nyasaland. Mu 1928 Sidney Haughton anawafotokoza n'kuitcha nyamayo Gigantosaurus dixeyi. Panapita zaka makumi asanu ndi limodzi, ndipo a Dipatimenti ya Antiquities, nthambi ya boma la Malawi yoona za zinthu zakale, pamodzi ndi gulu la Louis Jacobs la ku Southern Methodist University ku America anabwerera kukakumba m'dera la Mwakasyunguti kumapeto kwa zaka za m'ma 1980 ndi kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990. Mu 1993 dzina linasintha kukhala Malawisaurus dixeyi. Mmodzi mwa amene anaipatsa dzinali ndi Mmalawi, Elizabeth Gomani, ndipo mu 2005 iye anafotokoza mafupawa mwatsatanetsatane m'magazini ya sayansi ya Palaeontologia Electronica, imene imawerengedwa ulere pa intaneti. Zimenezo ndi zimene muyenera kutsitsa. Chingerezi chake n'cholimba, koma inu mukufuna zithunzi ndi miyeso.

Tengani pepala mulembe mndandanda: ndi mafupa ati anapezeka, ndi angati, ndipo lililonse ndi lotalika bwanji. Pachithunzi chilichonse cha fupa pamakhala kamzere kosonyeza muyeso, mwina masentimita 5 kapena 10. Kamzere kameneko ndiko kofunika kuposa mawu onse a patsambalo.

Mudzaona msanga chinthu chimodzi chimene alendo a mu myuziyamu sachiganizira: mafupa a Malawisaurus sanachokere ku nyama imodzi yogona mwandondomeko. Ndi a nyama zingapo, zina zazikulu zina zocheperako. Mukalumikiza fupa la ntchafu la nyama yaikulu ndi fupa la mwendo wam'tsogolo la yaing'ono, mudzatulutsa chilombo chimene sichinayendepo padziko. Choncho pambali pa fupa lililonse lembani nambala yake ya mu myuziyamu ndi gulu limene linapezekamo.

Chachiwiri: funani abale oti akubwerekeni zosowa

Malawisaurus ndi wa m'gulu la ma sauropod, ma dinosaur a makosi aatali odya zomera, ndipo mkati mwa gululo ali m'banja la ma titanosaur. Chimene chikusowa pa iye muchiyang'ane kwa ma titanosaur anzake: Rapetosaurus wa ku Madagascar, amene mafupa ake ndi chigaza chomwe anapezeka pafupifupi onse, Tapuiasaurus wa ku Brazil ndi Sarmientosaurus wa ku Argentina, amene zigaza zawo zinasungika bwino, ndi oyandikana nafe a kumwera chakumadzulo kwa Tanzania, Rukwatitan ndi Mnyamawamtuka. Yambani ndi m'bale wapafupi, ndipo muzipita kwa wakutali pokhapokha wapafupiyo alibe.

Zonse zobwerekazi ndi za pensulo yabuluu.

Chachitatu: yalani mafupa pa muyeso umodzi

Sankhani muyeso. Ine ndimakonda 1:40, kutanthauza kuti mita imodzi ya nyamayo ndi masentimita 2.5 papepala. Nyama ya mamita 12 idzatenga masentimita 30, ndipo ikwana bwino pa A3 yogoneka. Musadabwe mukaona kuti akatswiri sagwirizana za utali wa Malawisaurus. Ena amati mamita 11, ena amafika 16. Inu musayambe ndi utali wa nyama yonse n'kumakakamiza mafupa kuti akwanemo. Yambani ndi mafupa, utali udzadziwika wokha.

Jambulani fupa lililonse palokha, mukuliona cham'mbali, pa kapepala koonekera, n'kulidula. Mukakhala ndi timapepala tonse, yambani ndi mafupa a msana a pakati pa mapewa ndi chiuno, chifukwa ndiwo mtanda wa denga. Zina zonse zimapachikika pamenepo. Kenaka chiuno, nthiti, mapewa, miyendo, mchira, khosi, ndipo mutu ukhale womaliza.

Pali misampha iwiri apa. Woyamba: fupa likakhala pansi pa dothi zaka zoposa 100 miliyoni, limaphwatalala kapena kupindika chifukwa cha kulemera kwa miyala. Mukaona fupa lakumanzere likusiyana ndi lakumanja, khulupirirani limene lili lobulungira bwino. Wachiwiri: mafupa a nyama yamoyo sagundana. Mukamadya nkhuku, kumapeto kwa fupa la ntchafu kumakhala kanthu koyera koterera kaja kamene ena timakonda kukhukhuta. Ma sauropod anali nako kochindikala kwambiri, n'chifukwa chake nsonga za mafupa awo a miyendo zimaoneka zokakala, zokhala ndi timaenje. Kanthu kameneka sikasanduka mwala. Siyani mpata pa bondo, pa chigongono ndi pakati pa mafupa a khosi, apo ayi nyama yanu idzakhala yaifupi ndi yowuma thupi.

Ndipo werenganinso kawiri mbali imene ili kutsogolo. Si zoseka. Kumapeto kwa zaka za m'ma 1860 Edward Drinker Cope wa ku America, katswiri weniweni, analumikiza mafupa a nyama ya m'nyanja yotchedwa Elasmosaurus n'kuika mutu kunsonga ya mchira. Ku London, m'paki ya Crystal Palace, mpaka lero kuli zoumba za Benjamin Waterhouse Hawkins za mu 1854, ndipo dinosaur wake wotchedwa Iguanodon ali ndi kanyanga pamphuno. Mu 1878, m'mgodi wa malasha ku Bernissart m'dziko la Belgium, munapezeka mafupa athunthu a nyama yomweyo, ndipo kanyanga kaja kanapezeka kuti ndi chala chachikulu cha kudzanja. Hawkins sanali waulesi. Anajambula zimene akatswiri a nthawi yake ankakhulupirira. Nafenso tidzagwidwa penapake.

Mukamaliza, ikani pepala loonekera pamwamba mutengere zonse pamodzi. Ojambula odziwika monga Gregory Paul ndi Scott Hartman amajambula mafupa oyera mkati mwa mthunzi wakuda wa thupi. Njira imeneyi ndi yabwino chifukwa cholakwa sichibisala.

Chachinayi: iimikeni ngati mmene mapazi ake amanenera

Zithunzi zakale, monga zina za Charles Knight za kumapeto kwa zaka za m'ma 1800, zimaonetsa ma sauropod akukwekweza mchira pansi kapena atamira m'dambo mpaka m'khosi. Mapondedwe a mapazi amene anasungika m'miyala m'maiko ambiri akutsutsa zimenezo: mapazi alipo, koma mzere wa mchira wokwekwezeka pafupifupi sumapezeka. Mchira unkayenda m'mwamba. Mapondedwe a ma titanosaur akuonetsanso kuti mapazi akumanzere ndi akumanja ankaponda motalikirana, kusiya mpata pakati. Choncho Malawisaurus wanu mukamuona kutsogolo akhale wa chifuwa chachikulu, miyendo yotangadza pang'ono, koma yoima chilili ngati nsanamira, osati yopindikira m'mbali ngati ya buluzi.

Pa mapazi ndi pamene ndinagwa ine. Chithunzi changa choyamba ndinachipatsa mapazi a njovu, obulungira, okhala ndi zikhadabo zinayi kapena zisanu zophwatalala. Ndinachitumiza kwa mphunzitsi wina wodziwa za mafupa, ndikudikira kuyamikiridwa. Anandibwezera atazunguliza mapazi onse anayi ndi cholembera, pansi pake atalemba kuti, "Achimwene, njovuyi mwaitenga kuti?" Phazi lam'tsogolo la sauropod linali mafupa asanu aatali oimirira, oyalana ngati chikwakwa, kumbuyo kwake kolowa mkati, pa ambiri chikhadabo chinali chimodzi chokha cha chala chachikulu, ndipo ma titanosaur ena amene anadza pambuyo pake analibe n'chimodzi chomwe. Phazi lakumbuyo ndilo linali ndi chidendene cha mnofu ndi zikhadabo zitatu zazikulu zokhotera kunja.

Za khosi akatswiri akukanganabe, ena akuti linkaima m'mwamba, ena akuti linkangokwera pang'ono. Likwezeni mwapakatikati, ndipo mzere umenewo ukhale wofiira.

Chachisanu: mnofu, ndipo apa gulani nkhuku

Mnofu susungika, koma umasiya zizindikiro. Pamene nyama ya mphamvu inkagwira fupa pamakhala kamtumbira, mkwasa kapena malo okakala. Funso ndi lakuti, pa chizindikiro ichi pankagwira mnofu wanji, wochokera kuti? Lawrence Witmer, katswiri wa ku America, mu 1995 anafotokoza njira imene ojambula ambiri a masiku ano amatsata. Abale amoyo a ma dinosaur ndi awiri: mbalame mbali iyi, ng'ona mbali inayo. Chinthu chikapezeka pa mbalame ndi pa ng'ona pomwe, ndipo fupa la dinosaur likuonetsa chizindikiro chake, mungachijambule ndi mtima umodzi. Chikapezeka pa mmodzi yekha, chenjerani. Chikasowa pa onse awiri, mukungoganiza.

Ng'ona simungaipeze pamsika, koma nkhuku ilipo. Gulani yachikuda, yoyendayenda, chifukwa minofu yake imaoneka bwino kuposa ya nkhuku zoyera zonenepetsa zija. Mukaisosola, musaidule nthuli ngati ya ndiwo. Sendani khungu la mwendo umodzi kuyambira pamsana mpaka kuphazi, muuike pambale, muujambule. Mudzaona kuti ntchafu siilendewera payokha. Ndi mnofu waukulu ngati chikupe, wochokera m'mbali monse mwa fupa la chiuno n'kusonkhana pa bondo. Mudzaonanso kuti bondo lenileni lili pamwamba, lobisika m'thupi, loloza kutsogolo, ndipo pamene anthu amati ndi bondo lopindikira kumbuyo paja ndi pa kakolo. Kokani mtsempha woyera wa kumbuyo kwa mwendo, zala zifumbata. Mukatha kujambula, iwiritseni, idyani, mafupa muwatsuke, muwaumitse, n'kuyang'ana pamene mnofu uliwonse unagwira. Khosi lake lisatayidwe. Nkhuku ili ndi mafupa a khosi 14, pamene mbuzi, munthu ndi nyamalikiti ali ndi 7 okha. Ma sauropod anali ndi 12 kapena kuposa, ndipo khosi la nkhuku likuphunzitsani zambiri za mmene mafupa otere amapindikira.

Kwa ng'ona tengani phunziro limodzi lalikulu. Kumbuyo kwa fupa la ntchafu la dinosaur kuli kamtumbira kamene pa ng'ona pamagwira mnofu wautali wochokera ku mchira. Mnofu umenewu ndiwo unkakokera mwendo kumbuyo poyenda. Ndiye kuti tsinde la mchira wa Malawisaurus linali lonenepa, losefukira m'mbali, lopitirira kuchokera ku ntchafu popanda polekezera pooneka. Mukajambula mchira woonda wolumikizidwa kumbuyo ngati wa ng'ombe, nyamayo mwaichotsera injini.

Ikani pepala loonekera pamwamba pa mafupa aja, mujambule minofu kuyambira yamkati kutulukira kunja. Kenaka mimba. Nyama yodya masamba osatafuna, imene matumbo ake ankagwira ntchito yonse, inali ndi mimba yaikulu yolendewera pansi pa nthiti.

Matenda aakulu a ojambula ndi kukulunga khungu pa mafupa ngati pulasitiki, nthiti zonse kuwerengeka, mabowo onse a chigaza kuonekera. Yang'anani chithunzi cha chigaza cha mvuu. Ndi chinthu choopsa, cha mano ngati mipeni ndi mafupa otuluka m'mbali. Kenaka kumbukirani mvuu ya ku Liwonde, nkhope yosalala ngati mphika. Munthu wongoona chigazacho, osaidziwa mvuu, akanajambula chiwanda. Nyama yathanzi ili ndi mafuta, khungu lochindikala ndi makwinya. Imene nthiti zake zikuwerengeka ndi ya m'chilala.

Chachisanu ndi chimodzi: mutu

Anthu amayamba kuyang'ana kumutu, choncho khalani nawo nthawi. Mwayi wa Malawisaurus ndi wakuti zigawo zina za chigaza zinapezeka, zimene sizichitika kawirikawiri pa ma titanosaur: fupa la kutsogolo kwa mlomo wam'mwamba, nsagwada yam'munsi, mano, ndi chigoba cha ubongo chimene akatswiri anachiunika ndi makina a CT, oonera mkati mwa chinthu osachiswa, n'kufalitsa zotsatira mu 2019. Mafupawa akusonyeza nkhope yaifupi ndi yokwera, osati yaitali ngati ya hatchi. Musamusokoneze ndi Karongasaurus, sauropod wina wa m'miyala yomweyo amene Gomani anamutcha dzina mu 2005; ameneyo amadziwika ndi nsagwada ndi mano owonda basi, ndiye aliyense wojambula Karongasaurus yense wathunthu akugwiritsa ntchito pensulo yabuluu kuyambira kukhosi mpaka kumchira.

Mutu ukhale waung'ono poyerekeza ndi thupi. Maso akhale m'mbali, ndipo asadzaze bowo lonse la diso. Mbali yooneka ya diso ndi yaing'ono kuposa bowolo. Mphuno ndi nkhani ina. Pa zigaza za ma sauropod bowo la mphuno ndi lalikulu ndipo lili chakumtunda, ndiye kale ankajambula mphuno pamphumi. Mu 2001 Witmer uja, atafufuza nyama zamoyo zambiri, anaonetsa kuti kabowo kopumira kooneka kunja kamakhala kutsogolo kwenikweni kwa bowo la fupa, pafupi ndi kamwa. Ikani mphuno kufupi ndi mlomo. Makutu otuluka kunja ngati a mbuzi musaike. Kabowo kuseri kwa nsagwada n'kokwanira, monga pa nkhuku ndi pa ng'azi.

Mano aphimbike kapena aoneke kamwa itatsekedwa? Ng'ona mano ake ali pamtunda, ng'azi ake ndi obisika kuseri kwa milomo. Kafukufuku wa mu 2023 pa Tyrannosaurus, dinosaur wamkulu wodya nyama, ndi abale ake anatsamira ku milomo ngati ya ng'azi. Ine ndimawaphimba, koma ndi pensulo yofiira.

Chachisanu ndi chiwiri: umbani kachidole

Pindani waya motsata chithunzi cha mafupa, pa muyeso womwewo wa 1:40, mumatepo dongo motsata minofu. Chidolechi chikuululirani zolakwa zimene pepala limabisa, monga chifuwa chopapatiza kapena miyendo yosafika pansi mofanana. Muchiike padzuwa la m'mawa, muone kumene mithunzi ikugwera.

Chingakuuzeninso kulemera kwake. Ngati dongo lanu ndi losasungunuka m'madzi, chimizeni m'chidebe chodzaza, madzi osefukira muwayeze. Pa 1:40, mililita imodzi ya chidole ikuimira malita 64 a nyama yeniyeni, chifukwa 40 kuchulukitsa ndi 40 kuchulukitsanso ndi 40 ndi 64,000. Madzi akasefukira mamililita 100, thupi ndi malita 6,400, amene akanakhala madzi akanalemera matani 6.4. Chotsanipo pang'ono, chifukwa mafupa a khosi ndi a msana a ma sauropod anali ndi mphako za mpweya ngati a mbalame. Nambala ikakutulukirani yosiyana kutali ndi ya akatswiri, mwina mwanenepetsa kapena mwaondetsa.

Amene muli ndi kompyuta, Blender ndi pulogalamu yaulere youmbira zomwezi, ndipo Krita ndi yaulere yojambulira. Koma dzanja limene lagwira dongo limamva kulemera kwa nyama mwa njira ina.

Chachisanu ndi chitatu: khungu ndi mtundu wake

Pa khungu tili ndi umboni. Ku Auca Mahuevo m'dziko la Argentina, mu 1997, kunapezeka mazira ambirimbiri a ma titanosaur, ena muli tiana tosaswa ndi zidindo za khungu lawo. Khungulo ndi la timamba ting'onoting'ono togundana m'mbali ngati njere za chimanga pachitsononkho, osati tosanjikizana ngati mamba a chambo. Pa nyama ya mamita 12 yojambulidwa pa masentimita 30, timamba totere sitingaoneke kamodzikamodzi. Musataye sabata mukutijambula. Onetsani kukakala kwa khungu pamene kuwala kwagunda, ndi makwinya pamene thupi limapindika: m'khwapa, pa bondo, pansi pa khosi.

Malawisaurus analinso ndi mafupa omera m'khungu, monga amene ali pamsana pa ng'ona. Saltasaurus wa ku Argentina ndiye anayamba kudziwika nawo mu 1980. Mafupa otere amapezeka ochepa ndiponso omwazikana, ndiye musamuveke nyamayo chigoba chonse ngati kamba. Ikani ochepa chakumsana ndi m'mbali mwa chiuno. Kukhalapo kwawo ndi kwa pensulo yakuda, malo ake ndi a yofiira.

Mtundu wa khungu umadziwika pa nyama zowerengeka zokha. Sinosauropteryx wa ku Liaoning m'dziko la China, amene mu 1996 anaonetsa dziko kuti ma dinosaur ena anali ndi nthenga, mu 2010 anapezeka kuti anali wofiirira, wa mchira wa mizeremizere. Chaka chomwecho Anchiornis anadziwika kuti anali wakuda ndi woyera, wa tsumba lofiirira. Psittacosaurus ndi Borealopelta anali oderako pamsana ndi owala kumimba. Zimenezi zinadziwika chifukwa tizidutswa ta utoto wa m'thupi tinasungika m'nthenga ndi m'khungu. Pa Malawisaurus mtundu mudzasankha nokha, koma musankhe ndi chifukwa. Kuda pamsana ndi kuyera kumimba n'kofala m'chilengedwe; yang'anani gwape, ng'azi, chambo. Nyama zazikulu kwambiri monga njovu, mvuu ndi chipembere zimakhala zotuwa, ngakhale nyamalikiti akutikumbutsa kuti lamuloli si la onse. Ngati mukufuna kukongoletsa, ikani pamene nyama zamoyo zimaonetsera: kumutu ndi pakhosi, monga gulo amachitira ndi mutu wake wabuluu. Ndipo muipake fumbi. Nyama yoyenda m'tchire simakhala yosamba ngati galimoto ya ukwati.

Chachisanu ndi chinayi: dziko loiikamo

Apa ndi pamene Amalawi timakodwa, chifukwa dzanja limafuna kujambula Karonga amene timamudziwa: nyanja kumbuyo, mlambe pambali, udzu wofika m'chiuno. Zonsezo kunalibe. Malawisaurus anakhalako kumayambiriro kwa nyengo ya Cretaceous, zaka zoposa 100 miliyoni zapitazo. Nyanja ya Malawi ndi ya dzulodzulo poyerekeza, ya zaka mamiliyoni ochepa chabe. Madambo a udzu kunalibe, ndipo zomera za maluwa zinali zitangoyamba kumene. Nthawi imeneyo Africa ndi South America zinali zikung'ambikana kumene, n'chifukwa chake abale ambiri a nyamayi ali ku Brazil ndi ku Argentina.

Miyala ya ku Mwakasyunguti ndi mchenga ndi matope zoyalidwa ndi madzi oyenda. Jambulani mtsinje wa mchenga, mitengo ya m'banja la mkungudza ndi paini, ma fern (zomera za masamba ngati nthenga zokonda malo a chinyezi) pansi, ndi ma cycad, zomera zooneka ngati kanjedza wamfupi. Zotengera sizili kutali: mkungudza ndi cycad zikumera kuphiri la Mulanje, ma fern ali mbwee m'mitsinje ya paphiri la Zomba. Si mitundu yeniyeni ya nthawi imeneyo, koma kaonekedwe kake kakutsogolerani.

Anzake oti muike nawo ndi amene anapezeka m'miyala yomweyo: akamba a m'madzi, achule, nsomba, ndi Malawisuchus, kang'ona ka pamtunda kosafika mita imodzi, ka mano osiyanasiyana ngati a nyama zoyamwitsa, kamene Gomani anakatcha dzina mu 1997. Tyrannosaurus asalowemo, anakhala ku North America, ndiponso patapita zaka mamiliyoni makumi ambiri. Munthu asalowemo ngakhale pang'ono. Nsagwada ya munthu wakale imene inapezeka ku Uraha mu 1991, m'boma lomwelo la Karonga, ndi ya zaka pafupifupi 2.5 miliyoni. Ngati mukufuna kusonyeza msinkhu, ikani mthunzi wa munthu pachithunzi cha mafupa chija, osati m'tchire.

Ndipo nyamayo izichita chinthu chimene nyama zimachita tsiku lonse. Zithunzi zambiri zimaonetsa ma dinosaur atayasama, akubangula, akumenyana. Khalani ola limodzi mukuyang'ana ng'ombe kudambo: kudya, kuima, kudzikanda pamtengo, kumwa, kuyendanso. Malawisaurus akuthothola masamba kamwa ili theka, kang'ona kakuthawa phazi lake, ndi chithunzi chokhulupirika kuposa nkhondo.

Chakhumi: onetsani wodziwa, musanapake utoto

Safunsa anadya phula. Tumizani chithunzi cha mafupa ndi cha minofu kwa katswiri chikadali cha pensulo, pamene kufufuta n'kosavuta. Pamapepala a sayansi pamakhala imelo ya wolemba, ndipo ambiri amayankha mukafunsa funso lolunjika. Musalembe kuti "Mukuchiona bwanji?" Lembani kuti, "Phewa ndaliika pa nthiti yachiwiri. Likwere kapena litsike?" Tumizani ndi mitundu itatu ija ikuoneka, kuti adziwe pamene mwatsamira umboni ndi pamene mwadzidalira.

Akakubwezerani chili ndi mizere yozunguliza, konzani, mutumizenso. Changa cha mapazi a njovu chija chinapita ndi kubwera katatu. Ulendo wachiwiri anapeza udzu, wachitatu anapeza kuti mchira ndauondetsa.

Pomaliza pakani utoto, kuyambira kumbuyo kwa chithunzi kubwera kutsogolo, kuwala kuchokere mbali imodzi monga munaonera pa chidole chija. Pakona yam'munsi lembani dzina la nyamayo, dzina lanu, kamzere ka mita imodzi ndi chaka. Mapepala oonekera aja, la mafupa, la minofu ndi la khungu, muwasunge mu envulopu imodzi pamodzi ndi mndandanda wa miyeso, chifukwa tsiku limene fupa lina lidzatuluke m'makwawa a ku Mwakasyunguti mudzayambira pa pepala la pansi penipeni.